Tepi Yakuda pa Kanyali ka Injini

Ndinali ndi zaka khumi ndi ziwiri chaka chimene kanyali kachikasu kanayaka m'galimoto ya ababa. Tinkakhala pa komboni ya pulazi ina ya fodya kunja kwa Karoi, m'nyumba za njerwa zimene mzungu wakale anamangira antchito ake. Mzunguyo anali atachoka kalekale, pulazi itagawidwa kwa anthu ena, ndipo ife tinangotsalira pomwepo chifukwa kunalibe kolowera. Agogo anga aamuna anachokera ku Dedza ali mnyamata, koma ku Dedzako kunalibe wotidziwa. Kuno nako ankatitchabe alendo, ngakhale mchombo wa ababa unagwera pa komboni yomweyo.

Nthawi ya mzungu ababa anali makaniko wa mathirakitala. Pamene ine ndinkazindikira, ankangoyenda m'maricho, ndiye ganyu wa kuno: lero kupalira, mawa kuthyola fodya, mkuja kudula nkhuni zowotchera fodyayo. Anali munthu wa mawu ochepa. Ukawafunsa funso lalitali ankayankha ndi mutu.

Amayi anali atapita ku Beatrice, kumwera kwa Harare, kukagwira ntchito pa pulazi ya ng'ombe zamkaka. Anatenga mlongo wanga Yamikani chifukwa anali asanaleke kuyamwa, ndipo ine anandisiya ndi mawu akuti akakhazikika adzanditenga. Miyezi yoyamba ankaimba foni Lamlungu lililonse. Kenaka ankaimba mwa apo ndi apo. Kenaka foni ikalira, ababa ankaitenga n'kupita nayo kuseri kwa nyumba, ndipo pobwera ankangoti, "Akupatsa moni amako."

Ndinkawasowa amayi moti nthawi zina ndinkadana ndi dzuwa kuti likuchedwa kulowa. Komboni yathu inali itatha anthu. Nyumba zambiri zinalibe zitseko ndi malata, mbuzi za eni minda atsopano n'zimene zinkausamo. Anzanga amene ndinkasewera nawo anali atasamukira ku Guruve, ena ku Harare. Ndikaweruka kusukulu ndinkapeza chitseko chotseka, phulusa lozizira, ndi nkhuku yanga yamawanga ikundidikira pakhomo ngati ili ndi uthenga. Ndinkaiuza zonse za tsikulo, ndipo sinkatsutsa.

Galimoto ija inali ya bambo anga aang'ono amene anapita ku Joni n'kuisiya m'manja mwa ababa. Kanali kagalimoto kakang'ono kotuwa, ka zimene zimabwera kuchokera ku Japan zitayenda kale. Ukatembenuza kiyi, mkati munkamveka mawu a mzimayi akulankhula Chijapani mwaulemu kwambiri. Palibe amene ankadziwa chimene ankanena. Ababa ankati mwina akudandaula za misewu yathu. Ine ndinkamukonda mzimayi ameneyo, chifukwa ndiye yekha wamkazi amene ankalankhula pakhomo pathu. Ababa akachoka ndinkatenga kiyi pa msomali, kulowa m'galimoto, n'kutembenuza pang'ono chabe kuti andipatse moni. Ndinkamuyankha kuti, "Ndaswera bwino, kaya inu."

Galimotoyo inalinso nkhokwe yathu. Mwini gawo la pulazi pamene panali komboni anakaniza kuti wina aliyense amange nkhokwe, ati lero nkhokwe, mawa tidzati malo ndi athu. Nyumba yathu inkadontha, ndipo chitseko chake mwana akanatha kuchikankha ndi phewa. Choncho chimanga chimene ababa ankalandira ku maricho ankachiika m'matumba kumbuyo kwa galimoto n'kukiya. Mkati monse munkanunkha chimanga chouma ndi mankhwala a anankafumbwe.

Chaka chimenecho ababa anandilonjeza kuti tchuthi cha Ogasiti tidzapita ku Beatrice pa galimoto. Lonjezolo anapereka ndine ndawapanikiza, koma anaperekabe. Anayamba kusunga petulo pang'onopang'ono m'zigubu pansi pa bedi lawo, ndipo ine m'mawa uliwonse ndinkazinyamula kuti ndimve kulemera kwake. Anati petuloyo akwana ndendende kupita ndi kubwera, bola galimoto isachite mwano.

Sukulu itatsala pang'ono kutsekera, galimoto inachita mwano. Patsogolo pa chiwongolero panayaka kanyali kachikasu kokhala ndi chithunzi cha injini, ndipo sikankazima. Galimoto ikaima inkanjenjemera. Kumbuyo kunkatuluka fungo la petulo wosapsa, ndipo paipi ya utsi inada bii ndi mwaye. Muvi wosonyeza petulo unkatsika uku ukuuyang'ana.

"Ndi kamwedwe aka sitingafike n'ku Harare komwe," anatero ababa.

"Ndiye mukonza liti?"

Anatenga mpukutu wa tepi yakuda ya magetsi, kudula kachidutswa ndi mano, n'kumata pa kanyali kaja. Anakanikiza ndi chala chachikulu mpaka kuwala konse kutabisika.

Ndinapsa mtima. Munthu amene anthu ankasimba kuti ankamasula injini ya thirakitala yonse, kuyala zitsulo pa thumba, n'kuzibwezera osatsalako n'kamodzi komwe, lero akugonja kwa kanyali kochepa ngati njere ya nyemba! Ndinawauza zomwezo, ngakhale sindinakweze mawu.

"Izi n'za makompyuta, Naphiri," anatero. Ankanditchula ndi mfunda akafuna kuti ndizizire. "Ine ndimadziwa za dizilo. Tidikire."

Tinadikira. Sukulu inatsekera, mphepo ya Ogasiti inayamba kuulutsa fumbi ndi masamba a chimanga pabwalo, ndipo tchuthi chinayamba kutha ine ndikuchiona. Diresi yanga ya kutchalitchi ndinali nditaichapa n'kuipinda. Tsiku lililonse ndinkaitulutsa, kuiyang'ana, n'kuibwezera.

Mnyamata wina wa m'kalasi mwathu, amene mkulu wake ankayendetsa mushikashika, timagalimoto tonyamula anthu tija, anandiuzapo kuti pafupi ndi pokwerera mabasi ku Karoi pali munthu wokhala ndi makina olankhula ndi galimoto. Loweruka lina ababa anapemphedwa kunyamula matimati a mayi wina kupita nawo kumsika. Ndinakakamira kupita nawo. M'kansalu ndinamanga mazira onse amene nkhuku yanga inaikira sabata imeneyo, ndipo njira yonse ndinawafukata pamiyendo.

Ababa atalowa mumsika ndi madengu a matimati, ndinathamanga kukamufuna munthuyo. Ndinamupeza pansi pa mtengo, atakhala pa tayala. Anali mnyamata wamtali dzina lake Tawanda, ndipo pakhosi pake panalendewera kabokosi kofiira kokhala ndi chingwe.

"Uri kuda chii, musikana?" anandifunsa m'Chishona chimene ndinkafuna.

Ndinayankha m'Chishona chomwecho kuti mota ya ababa ikudwala, koma lilime linandigulitsa.

"Aa, ndiwe wa kwa achimwene eti?" anaseka, n'kutembenukira ku Chichewa chopindikapindika chimene anati anaphunzira kwa amayi ake. Nditamasula kansalu anayang'ana mazira, kenaka nkhope yanga. Sanaseke. Anawalandira ndi manja awiri n'kuti, "Handei, tiye tikaione."

Ababa pobwera anapeza miyendo ya munthu wachilendo ikutuluka pa chitseko cha dalaivala. Ndinaganiza kuti andikalipira pagulu. Anangoima, dengu lopanda kanthu lili m'manja, n'kundiyang'ana nthawi yaitali. Panthawiyo ndinkati ndi mkwiyo.

Tawanda analowetsa chingwe chake m'kabowo kamene kanali pansi pa chiwongolero, n'kutembenuza kiyi. Mzimayi wa Chijapani anamupatsa moni. Kenaka anaona tepi ija, ndipo anaitukula pangodya ndi chikhadabo.

"Mudhara, inunso?" anatero akuseka, mudhara ndiye mdala m'Chishona. "Mu Karoi muno tepi yatha m'mashopu chifukwa cha kanyali aka."

Pa galasi la kabokosi panatuluka chilembo ndi manambala, P0134. Ndimawakumbukira chifukwa ndinawabwereza mumtima njira yonse yobwerera. Tawanda anafotokoza akuyang'ana ine, poti ndine ndinalipira. Anati pa paipi ya utsi, pafupi ndi injini, pali kachitsulo kotchedwa sensa ya okosijeni. Kali ngati mphuno. Kamanunkhiza utsi n'kuuza kompyuta ya galimoto ngati petulo wachuluka kapena wachepa.

"Manje makina anga akuti kompyuta sikumva kalikonse kuchokera ku sensa. Kuli zii. Ndiye poti sikudziwa, ikungothira petulo wambiri kuti ikhale pabwino."

"Ndiye kuti yafa," anatero ababa mofulumira. Sindinawamvepo akuyankha munthu msanga chotero.

"Aiwa, mudhara. Makina sananene kuti yafa. Angoti yakhala chete. Mwina yafadi, mwina ndi waya. Musanagule ina, tsatirani waya wake ndi dzanja kuyambira pa paipi mpaka komwe wathera. Ikakhala sensa, yatsopano muipeza ku Harare."

"Yafa basi," anatero ababa. Anathokoza mnyamatayo mwaulemu, n'kubwezera tepi ija ndi chala.

Lolemba ababa analawirira ku maricho. Ine ndinasesa, kutsuka mbale, kenaka ndinatsegula boneti monga ndinkawaonera. Injini inali yozizira. Ndinakwera pa njerwa, n'kusakasaka mpaka nditapeza paipi yadzimbiri yotsikira pansi, ndipo pambali pake panalidi kachitsulo kokhala ndi mchira wa mawaya. Ndinagwira mchirawo ndi zala n'kuyamba kuutsatira. Unadutsa pa kapulagi, n'kukhotera kuseri kwa injini kumene maso safika. Ndinagona chafufumimba pa chitsulo, tsaya litagunda injini, mkono wonse uli mkati.

Zala zanga zinakhudza chinthu chofewa. Nditakoka, panatuluka ulusi wa thumba wotafunidwa, makoko a chimanga, ndi timanyi takuda. Fungo la mkodzo wa makoswe linandilowa m'mphuno. Makoswe amene anatsatira chimanga chathu anali atamanga chisa pamalo otentherapo. Ndinabwezeranso mkono, ndipo chakumtunda kwa kapulagi kaja ndinapeza waya umodzi utaduka, nsonga zake zikubaya ngati minga.

Tsiku lonse ndinakhala pa njerwa ija kulondera waya, kuchita ngati wina angaube. Sindinaphike n'komwe. Ababa atatulukira dzuwa litapendeka, khasu lili paphewa, ndinawathamangira n'kuwakoka dzanja.

"Sinafe! Ndi makoswe! Bwerani muone!"

Anafika pa galimoto, koma sanawerame kuti aone. Anayang'ana zinyalala za chisa zimene ndinaunjika pansi, kenaka mkono wanga wakuda ndi girisi mpaka paphewa. Anatsamiritsa khasu pa tayala. Kenaka anapisa dzanja m'thumba la pachifuwa la ovololo yawo, n'kutulutsa kachidutswa ka waya kokulungidwa bwinobwino. Nsonga zake zonse ziwiri zinali zosendedwa kale.

Ine chimwemwe chinali chitanditseka maso. Sindinadzifunse kuti munthu wochokera kolima akuyenda bwanji ndi waya wosendasenda m'thumba.

"Wapeza ndiwe, ulumikizanso ndiwe," anatero. "Kiyi ali kuti?"

"Pa msomali."

"Akhale komweko."

Anakokera mtolo wa mawaya poyera pang'ono, n'kusenda nsonga zodukazo ndi kampeni. Anandionetsa kapotedwe kake, kuti nsonga ziwiri zizikumbatirana motalika osati kungokolana kumapeto. Koyamba ndinapota mofooka, ndipo anangokoka pang'ono n'kulekana. Kachiwiri kanagwira. Kachidutswa kawo kanakwana ndendende pampata umene makoswe anadya. Tinakulunga ndi tepi ya mpukutu womwe uja, n'kumangirira mawayawo kutali ndi paipi kuti asapse. Kenaka tinatulutsa matumba onse a chimanga n'kuwalowetsa m'nyumba, pa njerwa, pakona yosadontha.

Atayatsa injini, kunjenjemera kuja kunachepa mpaka kutha. Ndinamatula tepi ya pa kanyali ndekha. Kanali kakuyakabe.

"Kasiye," anatero ababa. "Kompyuta siikhulupirira msanga. Iyenera kumva sensayo maulendo angapo, kenaka kazima kokha."

Amenewo anali mawu a munthu amene ankati amangodziwa za dizilo.

Tinanyamuka Lachinayi m'mawa. Ndinavala diresi ija, ndipo nkhuku yanga yamawanga ndinaimanga miyendo kuti ikakhale mphatso ya amayi. Ababa anameta ndevu n'kuvala shati yoyera imene ankaisungira maliro ndi ubatizo. Ku Chinhoyi tinaima kuti athire petulo wa m'chigubu. Ku Banket tinaimanso, anandigulira maputi, ndiye mbuliwuli za kuno. Atatembenuza kiyi kuti tipitirize, mzimayi wa Chijapani analankhula zake, nyali zonse zinayaka n'kuzima monga mwa masiku onse, ndipo kachikasu kaja kanazimira limodzi ndi zinzake.

Ndinawomba m'manja mpaka nkhuku inadzidzimuka kumbuyo.

"Kazimadi," anatero ababa. Anapukuta nkhope ndi chikhatho. Kuyambira pamenepo mpaka kudutsa Harare yense ankayendetsa pang'onopang'ono, ndipo ine ndinkati akuopa magalimoto a m'tauni.

Ku Beatrice anakhotera mumsewu wafumbi osafunsa munthu njira. Nyumba za antchito zitaonekera, anaimika galimoto pansi pa mtengo, patali ndithu ndi geti.

"Chitseko chobiriwira icho. Pita."

"Nanga inu?"

"Ndiyang'anira galimoto."

Ndinathamanga nkhuku ili kukhwapa. Amayi ndinawapeza kuseri, akuyanika zovala pa waya. Choyamba kuona chinali ovololo yaikulu yabuluu imene inali m'manja mwawo, ndi majombo oyera aamuna pakhomo. Atatembenuka ndinaona kuti anali oyembekezera, ndipo masiku anali atayandikira.

Anandikumbatira, kulira, kundigwira masaya, kunena kuti ndatalika. Yamikani anabisala kumbuyo kwa siketi yawo n'kufunsa m'Chishona kuti ameneyu ndani. Amayi ataona kumene maso anga anali, manja awo anagwa.

"Edina, ababa ako sanakuuze?"

Ndinapukusa mutu.

"Ndinawauza kalekale, mvula isanathe. Ndinawapempha kuti akuuze bwinobwino."

M'nyumba munali moyera, muli makatani. Bambo wina wamtali, mwini ovololo ija, analowa, kundipatsa moni mwaulemu, n'kutulukanso kuti atipatse mpata. Sanali munthu woipa, ndipo zimenezo zinandipweteka koposa. Amayi anandipatsa tiyi wamkaka weniweni ndi buledi, koma ndinangogwira kapu osamwa. Anati ngati ndikufuna ndikhoza kutsala, sukulu ili pafupi, andiyalira pabalaza.

Kenaka anandiperekeza ku galimoto kuti akapereke moni. Anaima pawindo, kupinda maondo pang'ono, n'kuti, "Muli bwanji, a Phiri?" Moyo wanga wonse ankawatchula kuti bambo a Edina. Ababa anayankha kuti ali bwino, n'kufunsa za mwana. Manja awo onse awiri anali pa chiwongolero, ndipo shati yoyera ija inali itanyowa kumsana.

Sindinganame kuti ndinasankha mwanzeru. Ndinangoona kuti m'nyumba ya chitseko chobiriwira aliyense anali ndi malo ake kale, pamene m'galimoto mpando wa kumanzere unali wopanda munthu. Ndinawauza amayi kuti nkhukuyo imaikira bwino, asaiphe. Kenaka ndinatsegula chitseko n'kukhala.

Tinadutsanso Harare. Misozi inabwera titayandikira Banket, ndipo pamodzi ndi misoziyo munabwera funso limene ndikanayenera kufunsa Lolemba lija.

"Ababa, waya wa m'thumba uja munaudula liti?"

"Mawa lake kanyali katayaka."

"Ndiye munkadziwa kuti ndi makoswe?"

Anagwedeza mutu.

"Nanga bwanji simunalumikize?"

Tinayenda mtunda ndithu. Tinapitirira lole yodzaza ndi mabelo a fodya, n'kudutsa minda yopserera.

"Nthawi yonse imene kanyali kaja kankayaka," anatero osandiyang'ana, "iwe unali ndi amako okudikira ku Beatrice. Ndinalibe china choti n'kupatse, Naphiri."

Lero ndili ndi kabokosi kangakanga, ndipo ndimagwira ntchito ya magetsi a galimoto ku Karoi komweko. Manambala aja ndimakumana nawo kawirikawiri. Eni galimoto amafulumira kunena kuti sensa yafa, ndipo ine ndimawauza zimene ndinauzidwa pamtengo wa mazira, kuti makina angoti yakhala chete, titsatire waya. Nthawi zina imakhala yafadi. Nthawi zina ndi makoswe, kapena waya wopsa pa paipi.

Sindinena kuti ababa anachita bwino. Akanandiuza pakhomo pathu, ndikanalira pa mphasa yanga, osati kumeza misozi m'nyumba ya bambo wachilendo ndi kapu ya tiyi m'manja. Ndinawakwiyira nthawi yaitali, ndipo iwo anaulandira mkwiyowo osadziteteza. Koma ndikamakula ndi pamene ndimaona kuti m'nyumba ija osungulumwa tinali awiri. Ine ndinali ndi nkhuku ndi mzimayi wa Chijapani. Iwo anali ndi kachidutswa ka waya m'thumba la pachifuwa, kupita nako kumunda ndi kubwera nako, akudziwa kuti tsiku limene adzalumikize ndi tsiku limene ndidzataye amayi.

Ababa anatisiya zaka zingapo zapitazo, ndipo agona ku manda a pa komboni pomwepo. Galimoto ija inatha kalekale. Koma mpaka lero munthu akabwera ndi tepi yakuda pa kanyali, sindimuseka monga anachitira Tawanda. Ndisanalowetse chingwe ndimamufunsa kuti, "Ndimatule ine, kapena mumatula nokha?"

Ambiri amaseka n'kuti matulani, sisi. Ena amayamba akhala kaye chete, dzanja lili pa chiwongolero. Amenewo ndimawadikira.